Duku Lakuda la a Consolata

A Mukela, kalaliki wa ku boma ku Petauke, anachiyang'ana chithunzicho kawili, kenaka anachikankhila kwa mwini wake.

"Amai, ichi ku Lusaka adzachibweza. Pa pasipoti amafuna mutu wonse, chipumi ndi makutu omwe. Apa ndikuona duku ndi maso chabe."

Mwini wakeyo, a Consolata, anayang'ananso mapepala awo. Zina zonse zinali m'malo: mafomu anawalembela aphunzitsi a ku Minga, wansembe anasaina, legisiti, chiphaso cha nzika, inalipo, ngakhale khadi la chipani anabwela nalo lokulunga m'kansalu. Koma eti kugwa pa duku! Anafotokoza motsitsa mawu kuti amuna awo, a Wilbroad, anamwalila miyezi inayi yapitayo, ndipo dukulo linali la malilo. A Mukela anali mlendo wa ku Mongu, munthu wofatsa ndithu. Anapepesa, nanena kuti lamulo sanapange ndi iwo, ndipo akatumiza chithunzicho, mafomu akagona miyezi iwili n'kubwelela momwemo.

Miyezi iwili a Consolata analibe. M'thumba mwawo munali kalata ya mkamwini wawo wa ku Bulawayo, yonena kuti Olipa ali m'chipatala ndi chifuwa, watha thupi, ndipo tsiku lililonse amafunsa amake. Olipa ndiye yekha anatsala mwa ana asanu. Anapita ndi mwamuna wake malile a dziko asanatsekedwe nthawi ya nkhondo ya kumeneko, ndipo pomwe njila inkatseguka, a Wilbroad anali atagona kale pamphasa, osasiyika. Zaka khumi ndi chimodzi mai osaona mwana, mtima unkawawawa koopsa.

Tsono dukulo silinali lovula wamba. Anawamanga ndi a Rosemary, mlongo wa malemu, tsiku lometa, ndipo omasula pamaso pa anthu anayenela kukhala iwo omwewo, patsiku losudzula, akakolola. Mkazi wovula yekha pamaso pa mwamuna, kwawoko ankati malilo sanamukhudze, anali ndi wina kumbali. Mawu otelo akakumata sachoka ndi sopo.

A Consolata anakwela lole ya feteleza mpaka ku Nyimba, kwinako anatsiliza ndi miyendo mpaka cha kwa Nyalugwe. Anawapeza alamu awo m'munda wa nshawa, akupalila. Atapatsana moni, anawawelengela kalatayo, napempha kuti apite nawo kwa wojambula, akamasule ndi manja awo kwa kamphindi, akamangenso.

A Rosemary analila atamva za Olipa, misozi yeniyeni, pakuti anali mwana wa mlongo wawo. Koma pa za duku anauma ngati chitsa. Anati chomasula sichimangidwanso, ndipo mowa wosudzulila sungafulidwe chimanga chikali ndi ngayaye.

"Dikilani, mlamu. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Mwezi wa Juni si kutali."

"Juni ndi pafupi kwa inu amene muli ndi ana asanu ndi awili pakhomo," anatelo a Consolata. "Ine ndatsala ndi mmodzi, ndiye akutsokomola magazi."

"Nanga alongo anga akakwiya kumandako, mlandu udzakhala wa yani? Ine manja anga ayi."

Anagona komweko, koma m'mawa anatsazika osadya kanthu. Njila yonse ankakangana ndi mtima wawo. Zaka makumi atatu anakhala ndi a Wilbroad, zitatu zothela akuwasambitsa ndi kuwatembenuza ngati khanda, ndiye lelo anthu adzati sanawalile? Zinawapsetsa mtima, komanso mantha anali nawo, osanama.

Ku Minga, kwawo, sanatsike. Anapitilila mpaka ku Petauke, kuseli kwa msika, kumene Fabian wojambula anali ndi kachipinda kake ka nsalu yoyela pakhoma. Fabian anali wa nthabwala, ndipo atangowaona anafunsa ngati chithunzi choyamba chija sichinakongole mokwanila, kapena akufuna china chotumiza kwa achisumbali, chibwenzi cha kumbali. A Consolata sanaseke. Anakhala pa kampando, nayamba kulimbana ndi mfundo ya kunkhongo. Inali itauma ndi thukuta, moti anachita kuikanda ndi zikhadabo.

Duku litachoka, panaoneka katsitsi kafupi, kotuwa ndi imvi. Fabian anazindikila chimene chikuchitika, nthabwala zinamuthela, anayang'ana pansi. A Consolata analipinda dukulo bwinobwino pamiyendo pawo, nalankhula ngati pali munthu wachitatu.

"A Wilbroad, ndikhululukileni. Mwana akundiitanayu ndi wanu. Mukadakhalapo mukadandimasula nokha."

Kenaka anadzutsa mutu, nauza Fabian kuti ajambule, makutu aoneke.

Sanalimangenso. Anatuluka mutu uli pamtunda, ndipo pamsika panali msuweni wa malemu wogulitsa kapenta, amene anawaona bwino lomwe. Nkhani inafika ku mudzi iwo asanafike. Pa Sondo ku tchalitchi, amai awili anasendeza zitenje zawo, kusiya kampata pabenchi. Sabata isanathe, uthenga unabwela kuchokela kwa Nyalugwe kuti popeza adzimasula okha, adzisudzulenso okha, kubanja kwa malemu sikudzabwela munthu. A Consolata anamva, analila kuseli kwa nkhokwe, napukuta maso, n'kupita kukapalila.

Atapeleka chithunzi chatsopanocho, masabata asanu ndi limodzi anatha akupita ku boma Lachisanu lililonse. Tsiku lina a Mukela anawaona pakhomo, naimilila okha kuwapatsa kabuku ka pasipoti ndi manja awili. A Consolata anatsegula tsamba la chithunzi, nayang'anitsitsa nkhalamba ya maso ofiila imene inali pamenepo. Kalata yachiwili inali itafika dzana lake: Olipa sakuthanso kukhala tsonga, koma akali kufunsa.

M'mawa mwake anali pa mseu waukulu kudikila basi ya ku Lusaka. Anawapelekeza a Jennipher okha, mnansi wawo, amene sanasendeze chitenje tsiku lija. Pokonza katundu, a Jennipher anaona duku lakuda lija pamwamba pa nshawa zokazinga, nafunsa chimene akunyamulila chinthu chowadanitsa ndi mudzi wonse.

"Olipa sanaone malilo a atate ake," anayankha a Consolata, akumanga chikwama. "Manda sindinganyamule. Akalilile pa ili."