Nkhope ya Nambala Naini

Chiliza cha Duncan chitatsala pang'ono kuvundukulidwa, kwa Chigaru kunagwa matenda okonza zinthu. Nyumba ya mayi ake, a Getrude, inapakidwa laimu mpaka nkhuku zinkasokera khomo. Bafa linamangidwanso ndi udzu watsopano, amayi onse a pabanjapo anasoketsa nsalu imodzi, ngakhale galu anasambitsidwa, ndipo mpaka lero sanakhululukire munthu. Maness, mkazi wamasiye wa Duncan, ataona zonsezi anaganiza kuti nayenso ali ndi chake chofunika kukonza: makina a magemu.

Duncan anamusiyira kashopu ka magemu pa Lirangwe, kuseri kwa ogulitsa matimati. Munali benchi, TV ndi makina akuda aja. Makinawo anali othyola loko, kutanthauza kuti katswiri wina anachotsamo zotsekera za kampani kuti magemu azilowa pa fulashi, osati kugula chimbale chilichonse pachokha. Duncan anali ndi lamulo limodzi lokha, ndipo ankalibwereza ngati pemphero la pachakudya: makina amenewa asadzalawe intaneti, akangolawa eni ake kunja uko awatsekanso. Zatsopano zonse zinkaikidwa ndi McDonald wa ku Chileka, yemwe anathyola lokoyo. Maness analisunga lamulolo kuposa malamulo ena amene anaphunzira ku kalasi ya ubatizo.

Koma chimene chinkawapangitsa makinawo kukhala a mtengo wapatali si magemu. Mu gemu ya mpira Duncan anapangamo timu yakeyake, ya anthu a pamsika. Brave wogulitsa nyama anali goloboyi, Abdu telala anali kumbuyo, ena onse anali a kabaza. Aliyense anamujambula ndi foni n'kulowetsa nkhope yake m'makinamo. Yekha anadzipatsa nambala naini, n'kudziwonjezera liwiro limene sanakhalepo nalo ali moyo. Nkhope yokha sananamepo: inali yakeyake, ndi kachipsera kodula nsidze kamene anakatenga ali mwana atagwa mumtengo wa mango.

Tsiku limene lole inamugunda pa njinga yamoto mumsewu waukulu, foni ndi chikwama chake sizinapezeke. Anthu ofika msanga pangozi si onse amabwera kudzathandiza. Zithunzi zonse zinapita ndi foniyo. Pa Fesibuku Duncan ankaika chizindikiro cha timu ya kunja m'malo mwa nkhope yake, ndipo chithunzi chokha chosindikiza chinali cha pachinkhoswe, atavala kapu yofika m'maso ndi magalasi akuda ngati wapolisi wachinsinsi. Choncho Duncan wooneka nkhope, woyenda, wothamanga, anatsala m'makina mokha.

A Getrude, mayi wa Mvano amene kale ankati magemu ndi msampha wa Satana, anayamba kufika pashopupo tsiku lililonse la msika. Anyamata ankawapatsa malo pabenchi. Maness ankagwira padi yowongolera osewera, ndipo anaphunzira chinthu chimodzi basi: mpira uliwonse kuupereka kwa nambala naini. Akagoletsa, Duncan ankathamangira ku kamera mpaka nkhope kudzaza TV yonse. A Getrude ankadzuka n'kupukuta galasilo ndi nsonga ya chitenje, ngati mmene ankamupukutira mamina ali wamng'ono.

Ndi iwo amene anapempha Maness, pomuitana ndi dzina la mwana wake. "Amake Angel, tsiku la chiliza mudzabwere nawo makinawa kumudzi. Abale ochokera kutali adzamuone mwana wanga akusewera."

Maness anavomera ndi mtima wonse. Kungoti anyamata a pashopu anali atamudya makutu. Ati gemu yakalamba, majezi ndi akale, osewera ena anapuma mpira kalekale koma muno akuthamangabe. Iye zinamulowa. Aliyense adzatchena nsalu yatsopano, nyumba yoyera mbee, ndiye Duncan yekha adzatulukire pabwalo lakale, udzu wooneka ngati mphasa? Anakulunga makinawo m'chitenje, anakwera minibasi, n'kukasintha ina ya ku Chileka.

McDonald ankagwira ntchito m'kachipinda kodzaza mawaya ndi mafoni otsegula mimba. Ndege ikamadutsa, malata ankanjenjemera ndipo iye ankasiya chiganizo pakati n'kudzachitola pomwe anachisiya.

"Alamu, mwasowatu. Pepani za achimwene zija, ndinangomva mochedwa. Ndiye tiwapange chani makinawa?"

"Apudeti ya mpira. Majezi atsopano, mabwalo atsopano, zonse. Koma chonde a McDonald, muli timu ya Lirangwe m'menemo. Imeneyo musaikhudze."

"Aaa, imeneyo ndi sevu basi, sindiigwira n'komwe. Ine ndingochotsa chifolda chakalechi n'kuponyamo chatsopano. Fasti fasti."

Anabaya fulashi. Kamzere kobiriwira kanayamba kukwawa pa TV, ndipo Maness anakayang'ana mokondwa ngati mmene munthu amayang'anira ndowa ikudzaza pamjigo. Katafika kumapeto, McDonald anatsegula mndandanda wa matimu.

"Onani, siiyi timu yanu? Brave, Abdu, Duncan nambala naini. Onse ali phee."

Maina analipodi. Maness anafuna kuti ayambitse masewero aone, koma magetsi anasankha nthawi yomweyo kuthima, monga mwa khalidwe lawo. Kumudzi kunali nkhuni zoti awaze ndi thobwa loti aphike. Anakulunganso makina ake n'kunyamuka, mumtima akudziyamikira.

Tsikulo linafika ndi dzuwa lake. Kumanda abusa analalikira, amayi a Mvano anaimba, malume a Duncan, a Wilson, anachotsa nsalu yoyera pachiliza, anthu n'kuona dzina lolembedwa bwino pamwala. Misozi inagwa koma inali yofatsa, ya chaka chathunthu. Anthu atabwerera kunyumba n'kudya, a Getrude anauza aliyense kuti asachoke. TV inaikidwa patebulo pakhonde, jenereta yobwereka inalira kuseri kwa nkhokwe, ndipo anthu anadzaza pabwalo mpaka ena kukwera pangolo. Azakhali ochokera ku Zomba anapukuta magalasi awo. A Getrude anakhala kutsogolo penipeni atanyamula Angel, mwana wa Duncan, pamiyendo.

Maness anasankha timu ya Lirangwe. Bwalo la mu gemu linatuluka lowala, udzu wobiriwira ngati munda wa mpunga, anthu n'kuwomba m'manja. Osewera anafola pamzere, kamera n'kuyamba kuwadutsa mmodzimmodzi.

Woyamba anali goloboyi. Pansi panalembedwa kuti Brave, koma pamwamba panali mzungu wa ndevu zofiira.

Bwalo lonse linafa ndi phwete. Brave weniweni, amene anali pomwepo ndi fupa m'manja, anaimirira n'kuwerama. "Mwaona? Nyama ya mbuzi imayeretsa khungu!"

Maness sanaseke. Anangoyang'anitsitsa pa TV. Kamera inafika pa Abdu, ndipo Abdu anali mnyamata wa tsitsi lalitali lomanga kumbuyo. Wotsatira, mlendo. Wotsatiranso, mlendo. Kuseka kunayamba kuchepa, chifukwa anthu anayamba kuwerenga manambala n'kuona kumene kamerayo ikulowera. Maness anafuna kudina batani lililonse, kuzimitsa, kuzula waya, koma zala zinakana.

Nambala naini. Duncan. Munthu wa maso obiriwira, tsitsi loyera ngati ndevu za chimanga, akutafuna chingamu.

A Getrude anasuzumira kutsogolo, kenako anabwerera m'mbuyo ngati aona njoka m'dengu la ufa.

"Ameneyu ndani?"

Masewero anayamba okha, ndipo mlendo uja anathamanga ndi liwiro la Duncan, dzina la Duncan lili kumsana.

"Amake Angel, ndikufunsa inu. Wavala malaya a mwana wangayu ndani?"

"Amenewo si adadi," anatero Angel, mokweza, ngati akuthandiza.

Maness anathamangira kuseri kwa nyumba ndi foni. Inalira kambirimbiri McDonald asanayankhe.

"A McDonald, nkhope zija zili kuti? Munati simukhudza!"

"Nkhope zake ziti, alamu? Timu ilipo, munaiona nokha."

"Nkhope za anthu! Ya amuna anga! Mwatuluka azungu okhaokha muno!"

Pafoni panamveka ndege ikudutsa ku Chileka. Itapita, mawu a McDonald anabwera ochepa.

"Mayo ine. Ndiye kuti achimwene anaika zithunzizo mu chifolda cha gemu, mosanjikiza pa nkhope za osewera ena. Sevu imangosunga maina ndi manambala. Nkhope zinali mu chakale chija."

"Ndiye bwezeretsani chakalecho."

"Alamu... ndinadilita. Chatsopano chinakhala pamwamba pake. Ine sindisunga zakale, malo amandichepera. Mukanandiuza kuti muli zithunzi..."

"Ndinakuuzani kuti musaikhudze!"

"Timu sindinaikhudze, alamu. Mulungu akundiona."

Chowawa kwambiri n'chakuti sankanama. Maness anatsamira khoma la laimu watsopano mpaka nsalu yake inayera kumsana. Anatalikitsa makinawo ndi intaneti chaka chonse, anawafunditsa ku fumbi, anawateteza ku mphenzi, kenako anawanyamula yekha pamiyendo, minibasi ziwiri, kukawapereka. Ndipo kamzere kobiriwira kaja kakukwawa, iye ankamwetulira.

Atabwerera anapeza anthu ayamba kubalalika mwaulemu, aliyense akukumbukira mwadzidzidzi kuti kwawo n'kutali. A Wilson anali atachotsa mawu a TV. A Getrude anali pomwe paja, sanasunthe.

Brave ndi amene anayesa kuthandiza. Anali atataya fupa lija ndipo nthabwala zinali zitamuthera. "Alamu, mu gemumu muli popangira nkhope pamanja. Mumasankha mphuno, maso, milomo, zonse. Inu ndi amayi mukumudziwa Duncan kuposa aliyense. Tingomuumbanso."

Maness anagwira mawuwo ngati munthu wokokoloka wagwira muzu. Brave anamutsegulira malowo. Pa TV panabwera mutu wopanda tsitsi, wopanda mwini, ukuzungulira pang'onopang'ono. Anaudetsa khungu. Anauveka tsitsi lalifupi. Mpaka apa zinali zosavuta.

"Mphuno ikule," anatero a Getrude. Maness anaikuza. "Ayi, mwaonjeza. Bwezani." Anabweza. "Si imeneyo."

"Inali yotambalala pansi, amayi."

"Yotambalala inali ya bambo ake. Yake inali... inali..." Anakweza dzanja m'mwamba ngati aijambula mumphepo, dzanjalo n'kuima panjira.

Anapita ku maso. Panali maso ambirimbiri, ndipo aliwonse ankaoneka ngati ake pang'ono mpaka utawayang'anitsitsa. Maness anatsinzina kuti amuone mwamuna wake, amene anagona naye mphasa imodzi zaka zonse zija. Chimene chinabwera ndi Duncan wa mu gemu akuthamangira ku kamera, ndipo ngakhale ameneyo ankasungunuka, tsitsi loyera lija likulowerera. Mantha amene anamugwira apa anaposa a poyamba paja. Chaka chonse sankamukumbukira Duncan. Ankangomuonera.

Azakhali a ku Zomba anati milomo ichepe. A Wilson anati chibwano chitalike. Wina anabweretsa chithunzi cha pachinkhoswe, koma kapu ndi magalasi akuda zinangowayang'ana osawauza kanthu. Mutu wa pa TV unasanduka munthu wooneka bwino ndithu, woti ukhoza kukumana naye pa Lunzu n'kumupatsa moni, koma sanali wa pabanjapo.

"Dikirani," anatero Brave. "Pali nsidze zodula apa. Kachipsera kaja. Tikangoika kameneko aoneka yemweyo."

Nkhope ya a Getrude inawala koyamba. Kachipsera ankakadziwa. Ndi iwo anamunyamula pansi pa mtengo wa mango, ndi iwo anamuthira mchere pabalapo akukuwa. Maness nayenso ankakadziwa. Chala chake chinkapitapo chokha Duncan akagona.

"Pakufunika kusankha mbali," anatero Brave. "Kanali nsidze iti?"

Onse awiri anayankha nthawi imodzi, mosakayika, aliyense atagwira nsidze yake. Kenako anatembenuka n'kuyang'anana.

A Getrude anali atagwira kumanzere. Maness anali atagwira kumanja.

Palibe anatsitsa dzanja. Anayang'ana kwa a Wilson, a Wilson anayang'ana pansi. Anayang'ana kwa Brave, Brave anatembenukira ku TV. Pa TV mutu uja unapitiriza kuzungulira, ukuonetsa tsaya ili, kenako linalo, nsidze zonse ziwiri zili zosalala.

"Ndinamubereka ine," anatero a Getrude, koma mawuwo anatuluka ngati funso.

Chala chawo chinachoka pa nsidze yakumanzere, chinapita kumanja, n'kubwereranso.