Fankishoni ya a Lajabu

Ena amadana chifukwa cha malire a munda, ena chifukwa cha mbuzi yolowa m'dimba, koma a Lyford Namaona ndi a Lajabu Mtila anadana chifukwa cha mizere itatu ya m'kope. Musaseke, abale. Nkhani yake ndi yowawa.

Onse awiri anali aphunzitsi a masamu. A Lyford ankaphunzitsa pa sekondale yoyendera ku Lirangwe, a Lajabu pa ina yonga yomweyo ku Chileka, chakuseri kwa bwalo la ndege. Anadziwana ku koleji ali anyamata, wina wa kutchalitchi wina wa kumzikiti, ndipo zaka makumi awiri zinadutsa akuitanana "achimwene". Matipate atabwera sukulu zinamera ngati bowa, aphunzitsi a ku pulayimale n'kumangotengedwa kukaimikidwa ku Folomu 3, choko m'manja. Ambiri akafika pa mutu wa fankishoni ankangokopera pabolodi zomwe zili m'buku la Chingerezi, ana nawo n'kukopera m'makope, onse osamvapo kanthu. Ndiye awiriwa anagwirizana kulemba kabuku ka Chichewa kothandiza anzawo, liwu lililonse lovuta la masamu ndi tanthauzo lake. Loweruka lina a Lajabu ankakwera minibasi kupita ku Lirangwe, Loweruka linalo a Lyford ndi amene ankapita ku Chileka.

Masamba asanu ndi limodzi anayenda bwino. Ngakhale aligorizimu, liwu lopinda lilime lija, analigonjetsa tsiku limodzi: ndondomeko yokhala ndi poyambira, masitepe omveka oti aliyense angawatsate, ndiponso pothera. A Lajabu anati ndiye kuti msonkhano wa makolo ndi aphunzitsi si aligorizimu, poti ulibe pothera. Anaseka mpaka kutsokomola. Tsamba lachisanu ndi chiwiri ndi lomwe linawadya.

A Lyford ankati fankishoni ndi chigayo. "Uthira chimanga pamwamba, mkati muchitika choyamba, muchitika chachiwiri, ufa n'kutuluka pansi. Nambala ilowa, uichulukitsa ndi ziwiri, uwonjezera zitatu, ina ituluka. Ndondomeko imeneyo ndiye fankishoniyo. Chotsani ndondomeko, palibe chatsala."

"Ayi, achimwene," ankatero a Lajabu, akuvula kachipewa kawo koyera n'kumakanda dazi. Munthuyu ankayankhula pang'onopang'ono ngati akuopa kudzutsa mwana. "Ndondomeko ndi njira chabe. Fankishoni ndi yakuti wanyamuka pati, wafika pati. Chachikulu n'chakuti cholowa chilichonse chikhale ndi chotuluka chake chimodzi, chimodzi basi. Mwana aliyense ali ndi mayi ake mmodzi. Imeneyo ndi fankishoni kale. Tandiuzani, ndichulukitse ndi zingati kuti ndipeze dzina la mayiyo?"

"Amenewo si masamu, ndi kaundula wa kusikelo! Ndipo nambala zilibe malire. Mudzazilumikiza bwanji zonse popanda lamulo? Mudzalemba mpaka dzanja litathothoka?"

"Kulephera kwanga kulemba sikuchotsa chinthu chomwe chilipo."

Ankakangana choncho mpaka tiyi wa a Nellie, akazi awo a Lyford, kuzizira m'makapu, kenako n'kuperekezana ku siteji akuseka. A Lyford ankaukonda mkangano umenewu kuposa mpira wa pa wailesi. Mu Lirangwe monse munalibe munthu wina woti angacheze naye zimenezi.

Chinawononga zinthu ndi msonkhano wa aphunzitsi a masamu a m'dera lonse, womwe unachitikira ku Lirangwe komweko mwezi wa Juni. Awiriwa anapemphedwa kuti afotokoze za kabuku kawo. A Lyford anajambula chigayo chawo pabolodi, lamba wake ndi thumba la ufa lomwe, anthu n'kuwomba m'manja. Kenako a Lajabu anaimirira, anapempha choko, n'kulemba x + x mbali ina, 2x mbali inayo.

"Apa tikuphatikiza, apo tikuchulukitsa. Ndondomeko ziwiri. Koma thiranimo nambala iliyonse, ufa ndi womwewo. Ndiye atiuze achimwene anga, pamenepa pali fankishoni imodzi kapena ziwiri?"

A Lyford anayang'ana pabolodi. Akati imodzi, chigayo chagwa. Akati ziwiri, buku lililonse liwatsutsa. Kumbuyo mphunzitsi wina amvekere, "Kuchigayo magetsi athima!" Anthu anafa nalo phwete.

Manyazi ndi chilombo. A Lyford, m'malo mokhala pansi, anati, "N'zosadabwitsa. Ine ndinabwerera ku koleji kukatenga dipuloma. Anzathuwa masamu awo anathera pa satifiketi ya uphunzitsi wa ku pulayimale, n'chifukwa chake amangolumpha apa ndi apo ngati chiwala." Ha! Mawu otero kumunenera munthu amene anasiya malo a dipuloma yomweyo kuti adwazike mayi ake, a Lyford akudziwa bwino lomwe! Chiseko chinazima. A Lajabu anaika choko patebulo, anapukuta zala ndi kampango, n'kutenga chikwama chawo. Sanakweze mawu. Anangoti, "Zikomo, aphunzitsi," n'kutuluka. Kuitanana achimwene kuja kunathera pomwepo.

Musaganize kuti a Lyford sanadziwe kulakwa kwawo. Anakudziwa tsiku lomwelo asanavule n'komwe nsapato. Za masamuzo anadzazindikira patapita masabata atatu, akuchonga mayeso a Folomu 3 pansi pa mtengo wa mango. Mwana wina anatsata njira yomwe anaphunzitsidwa, wina anadzera yakeyake yachilendo, koma mayankho onse asanu anali ofanana. A Lyford anachonga onse awiri osaganiza n'komwe, kenako cholembera chofiira chinaima m'mwamba. Zaka zonsezi dzanja lawo linkavomereza a Lajabu, pakamwa pokha ndi pomwe pankakana.

Munthu wanzeru akanakwera minibasi tsiku lomwelo. Koma a Lyford anati sangapite chimanjamanja. Ankafuna akafike ndi tsamba lachisanu ndi chiwiri lolembedwa bwino, lovomera kuti fankishoni ndi kulumikiza cholowa chilichonse ndi chotuluka chimodzi, komanso losiyira chigayo chawo kamalo penapake kuti asaoneke ngati agonjeratu. Analemba, n'kung'amba. Analembanso, n'kung'ambanso. Kunyada kumeneko iwo ankakutcha kusamala.

Miyezi iwiri itadutsa, wogulitsa nsalu wina wa ku Chileka anabwera tsiku la msika ndi uthenga wakuti a Lajabu agona. Shuga wawavuta, mwendo watupa, kusukulu sakupitanso.

"Bambo a Rosemary, pitani mukaone anzanu," anatero a Nellie. "Wodwala sadya pepala."

"Ndipita Loweruka. Kwangotsala mzere umodzi."

"Loweruka lapitali munateronso. Zengerezu analinda kwawukwawu. Kapena mukufuna ndipite ndine ndikakupepesereni? Anatukwana munthu ndinu."

"Ine sindinatukwane munthu."

"Mxii! Nanga chakudya chikubwerera bwanji m'mbale?"

Mayiwa ankanena zoona. A Lyford ankamusowa mnzawo koopsa. Chomwe ankafuna chinali chimodzi: akakhale pakhonde la ku Chileka lija, anene kuti "munkanena zoona, ndikhululukireni," a Lajabu n'kuwatchanso achimwene. Koma ankaopa kuti akafika adzamva "takulandirani, aphunzitsi," ndipo mantha amenewo ndi omwe ankang'amba mapepala aja.

Lachinayi lina m'mawa, cha m'ma naini, ahedi anawaitanira pakhomo la kalasi. "Kwabwera foni kuchokera ku Chileka," anatero, maso ali pansi. "Anzanu aja atisiya m'mamawa uno. Pepani."

A Lyford anagwedeza mutu ngati auzidwa zakuti belu lichedwa. Misozi sinabwere. M'mutu munangoti zii, ndipo mutu ukatero umatsata njira yomwe unazolowera. Iwo anali mkulu wa mpingo, maliro anayendetsapo osawerengeka, ndondomeko yake ankaidziwa ngati pemphero: lero anthu asonkhana, agona pasiwa ndi nyimbo, abale akutali afika, bokosi libwera, mawa masana ndiye kumanda. Choncho anabwerera m'kalasi n'kumaliza phunziro. Anaphunzitsanso lina. Anasiyira a Folomu 4 ntchito ya mawa lake, kenako anayenda mwakachetechete kupita kunyumba dzuwa lili paliwombo.

A Nellie pochokera kudimba anawapeza akupinda bulangete, jekete yakuda ili pampando.

"Kwagwanji?"

"A Lajabu. Ndikagona konko, inu mubwere mawa ku mwambo."

"Mwamva nthawi yanji?"

"M'mawa."

A Nellie anagwetsa khasu, manja kumutu. "Mayo ine! M'mawa? Bulangete lachiyani, bambo inu? Asilamu sagoneka maliro! Mayi awo aja simunakaike nawo tsiku lomwelo? Akangotha kuswali kumzikiti masana ano anyamula!"

Apo ndiye a Lyford anadzidzimuka ngati awathira madzi ozizira. Ankadziwatu! Zaka makumi awiri akudya nawo mpunga wa pa Idi, akanalephera bwanji kudziwa? Anataya bulangete, anatola jekete, n'kuthamangira kumsewu, munthu wamkulu wa imvi, ana a sukulu akuwayang'ana.

Koma minibasi siidziwa maliro. Inaima pa siteji kudikira kuti idzaze, kondakitala akukuwa "Lunzu, Kameza, Tauni!" ngati dziko lonse lili pa holide. Pa Lunzu inaimanso, akumangirira matumba a anyezi kumbuyo. "Chonde adalaivala, ndili ndi maliro," anachonderera a Lyford. Kondakitala anangoti, "Madala, tonse tili ndi mavuto," n'kupitiriza kukoka chingwe. Pa Kameza anatsika kudikira ina yolowera ku Chileka. Njira yonse ankangoyang'ana wotchi n'kumawerengera: swala itha nthawi yakuti, kuyenda mpaka kumanda mphindi zakuti, mwina ashehe achedwa, mwina akudikira m'bale wa ku Mangochi. Samu iliyonse inkawapatsa yankho lomwelo, iwo n'kuyambiranso.

Atatsika ku Chileka anadzera kanjira ka pakati pa minda yokolola kale. Pokhota pa mzikiti anakumana ndi amuna ambirimbiri akubwera chakuno, zipewa zoyera kumutu, fumbi kumapazi. Anayi ananyamula jeneza, chonyamulira maliro chija, ndipo ankachigwira ndi dzanja limodzi limodzi, mopepuka. Munalibe kanthu.

A Lyford anapatuka kuwapatsa njira. Miyendo inawatengera yokha kunyumba kwa a Lajabu, komwe azimayi anakhala pamphasa chakumbali. Shamima, mwana woyamba wa malemu, mayi wa ana awiri amene ankagwira ntchito yosesa kubwalo la ndege, atawaona anadzuka n'kudzagwada chapatali pang'ono. Maso ake anali otupa.

"Mwafika, ankolo."

"Ndachedwa, mwana wanga. Ndachedwa ine." Kenako anafunsa, "Kodi apita akadandikwiyira?"

Shamima anapukusa mutu. "Zakukwiya sindikudziwa. Za kumsonkhano zija sanatiuze, tinamvera kwa ena. Koma chigonereni, ndikaweruka kuntchito ankati ndiwakhazike pakhonde pano, ndiwapatse kope lawo. Ndiye ankati, 'Shamima, khala apo. Iwe ukhale a Lyford.' Ine ndinkati, ababa, masamu ndinawasiyira Folomu 2, ndinena chiyani? Iwo amvekere, 'Uzingokana. Chilichonse ndinganene uziti ayi, ndipo uzikweza mawu.'"

A Lyford anagwira mzati wa khonde.

"Ndiye ndinkakana, ankolo. Iwo za cholowa ndi chotuluka, ine ayi. Ankaseka, n'kuyambiranso mwa njira ina. Tsiku lina anati chigayo chanu chija si choipa, ana amachimva msanga, chikhalemo ndithu m'kabukumo, kungoti chisakhale pamwamba. Ine ayi, monga anandiuzira. Koma zinkandimvetsa chisoni, munthu akuvutika kupuma ine n'kumamutsutsa. Dzulo atafotokoza ndinangoti, eya ababa, mukunena zoona. Anandiyang'ana nthawi yaitali, n'kutseka kope. Anati, 'Iwe ukuvomera msanga, mwana wanga. Siya. Tidikire mwini wake.'"

A Lyford anakhala pansi padothi pomwepo n'kulira mokweza, kulira kwa munthu amene alibenso komwe angakapepese. Amuna ochokera kumanda aja anali akusamba m'manja pa ndowa, ndipo mmodzi anatembenuka n'kufunsa mnzake motsitsa kuti bambo akulira chonchiwa ndi a kuti.