Thabwa Lomaliza la Pachitseko

Thabwa loyamba linali litawonongeka kale pamene make Bwana ankatuluka kukhitchini. Apongozi ake aamuna anali atalitsamiritsa kukhoma, akudandaula kuti matabwa a masiku ano amadulidwa mtengo usanakhwime.

Mwezi wathawo nyumbayo anaipaka pulasitala watsopano mkati, ndipo khoma linanenepa. Felemu ya chitseko chakunja inatsalira, osafikanso m'mphepete mwa khoma, ndipo pakati pake panali mpata wa simenti yokhakhala wolowetsa mphepo. Pankafunika kukhomerapo timatabwa towonjezera kuti felemu ndi khoma zilingane. Mwamuna wake anagula matabwa awiri asanapite ku ntchito yake yoyendetsa lole, n'kusiyira ntchitoyo bambo ake, kalipentala wopuma. Anali woti abwera pakatha sabata.

Sabata inali yaitali. Mwana wawo wa miyezi khumi, amene agogo akewo anamutcha Bwana chifukwa cholira molamula, anali ndi chifuwa cha milungu itatu, ndipo namwino ananenetsa kuti asamagone pamphepo. Thabwa lachiwirili likawonongeka, mpatawo ukhala pomwepo.

Make Bwana anaima ndi kapu ya tiyi, maso ali pa manja a mkuluyo. Anaona kuti tepi yoyezera akuigwirira kutali ndi nkhope, akutsinzinira diso limodzi. Anaonanso kuti akuyeza malo amodzi okha, pofika pachifuwa, chifukwa mawondo sankawalola kugwada. Koma iye mpatawo ankaudziwa bwino, poti ndiye ankautseka ndi nsanza tsiku lililonse. Kumwamba thewera limodzi linkakwana. Pansi pankalowa awiri, ndi sokosi pamwamba.

Anayika tiyi pampando n'kufunsa motsitsa mawu ngati khomalo linali lolingana paliponse.

"Amake Bwana," anatero mkuluyo akulemba mzere ndi pensulo, "galu wamkota sakandira pachabe. Zitseko ine ndinayamba kukhoma inu mukanali kumsana."

Anaseka, iyenso n'kuseka nawo. Munthu angawauze bwanji apongozi kuti alakwitsa ntchito imene analelera ana asanu ndi mmodzi? Kuchipinda Bwana anatsokomola kawiri. Mano a sowo anali atakhudza kale thabwa.

"Bambo, musanadule, tandiphunzitsaniko kuyeza. Kusukulu tinkangoyeza mizere ya m'kope."

Mkuluyo anayika sowo pansi mokondwa. Anati safunsa anadya phula, ndipo akanakonda mwana wake wamwamuna akanakhala ndi mtima womwewo, m'malo mothamangira malole. Anamusonyeza pokoletsa tepi, n'kumuuza kuti awerenge mokweza.

Kumwamba anawerenga masentimita anayi. Pakati anayi ndi theka. Kenaka anagwada mpaka pansi penipeni, pamene Bwana amakonda kukwawira, n'kukoka tepi.

"Apa pakuti asanu ndi limodzi. Kapena ndalakwitsa kagwiridwe?"

Mkuluyo anagwira felemu, n'kuwerama pang'onopang'ono mpaka mawondo anachita kulira. Anapisa chala mumpatamo, n'kuyendetsa kuchoka pansi kukwera m'mwamba. Anayang'ana thabwa lowonongeka lija kwa nthawi ndithu.

"Mmisiri wa pulasitalayu," anatero pomaliza, "ankapaka ndi dzanja limodzi, linalo lili pa botolo."

Make Bwana anavomereza mwamsanga kuti munthuyo ankanunkhadi, ngakhale sanamvepo fungo lililonse.

Mkuluyo anafufuta mzere woyamba ndi malovu. Make Bwana ndiye ankayeza n'kuyika timadontho, mkuluyo n'kumalumikiza ndi mzere wopendekeka, wotakata pansi, wowonda kumwamba. Anadula mosathamanga, anapala m'mbali, anapaka guluu. Kathabwa kodulidwako kanakhala pamalo pake ngati kanamera pomwepo. Mbali inayo mkuluyo sanadikirenso kupemphedwa. Anangomupatsa tepi n'kuti, "Gwadaninso."

Chidutswa chotsala chinakwanira kumwamba. Make Bwana anayendetsa chikhatho chonyowa kuzungulira felemu yonse, osamva mphepo ngakhale pang'ono. Mtima wake unakhala pansi.

Mkuluyo anali akusankha misomali m'chitini. Analankhula osamuyang'ana.

"Manambalawa ayamba kundithawa. Chaka chino ndiye zanyanya. Mwamuna wanuyo asamve, angandilande hamala."

Make Bwana anatola zopala za thabwa pansi kuti mwana asadzaziike m'kamwa. Atadzaza dzanja anati, ngati akungonena za nyengo, Lachinayi apita ndi Bwana kuchipatala kukamupimitsanso chifuwa, ndipo madokotala a maso amakhala khomo lotsatira. Anawonjeza kuti mwanayo walemera, ndipo munthu womuthandiza kunyamula chikwama angamuthandize kwambiri.

Mkuluyo anakhoma msomali woyamba, kuumenya katatu kokha. Anakhoma wachiwiri. Wachitatu anauluma pamilomo, n'kulankhulira pambali pa kamwa.

"Mumanyamuka nthawi yanji?"