Khutu la Kumanzere la Telala

Mayi wina analowa m'shopu ya telala dzuwa likuswa mtengo, atanyamula ambulera yobiriwira, koma wopanda nsalu yosoketsa. Anakhala pa benchi ya makasitomala n'kumangoyang'ana telalayo pakamwa.

"Tikuthandizeni?" anafunsa telala, mtsikana amene ankasoka yekha diresi la ukwati wake.

"Sokani, ndikungopuma."

Mawa lake anabweranso, tsiku linalo chimodzimodzi. Mtima wa telala unayamba kukayika, pakuti anali ndi chinsinsi chimene ngakhale bwenzi lake silinkachidziwa. Khutu lake la kumanzere linali kufa pang'onopang'ono, la kumanja likulira ngati nyenje. Ankatola mawu pamilomo ya anthu, ndipo akapanda kumva ankangomwetulira. Apongozi ake am'tsogolo anali anthu ofufuza mpaka pansi pa mphasa. Kodi sanali iwo amene anatumiza kazitape ameneyu, kuti ukwati uthe usanayambe?

Tsiku lina analimba mtima. Akupachika diresi kukhoma, msana uli kwa mlendo, anati, "Akutumani ndi amayi a bwenzi langa eti?"

Zii.

Anabwereza mokweza. Mlendoyo ankangosisita chogwirira cha ambulera, nkhope ili phee. Telala anatembenuka pang'onopang'ono.

"Nanunso simumva," anatero.

"Ndimamva ndi maso, ngati iweyo. Ndinakuona pamsewu, njinga ikukuimbira belu kumanzere iwe osacheuka."

"Ndi phokoso la makinawa basi."

"Kamakina kopalasa ndi mwendoka? Usanamizire chitsulo, mwanawe. Izi zimayenda m'magazi. M'kati mwa khutu muli kafupa kamene kamauma n'kusiya kugwedezeka, ndipo kwa ena zimakula akakhala oyembekezera."

Telala anakhala pansi.

"Ine ndinalowa m'banja palibe akudziwa," anapitiriza mlendoyo. "Khanda linkalira kuchipinda, ine ndikuchapa pakhonde osamva kanthu. Achibale a mwamuna anati ndine wouma mtima. Anandipitikitsa, mwana n'kutsala. Iwe pita kuchipatala cha makutu, masiku ano amathandiza. Ndipo mnyamatayo umuuze diresi ilo lisanathe."

"Akandisiya?"

"Bola akusiye ukadali ndi singano m'manja, kusiyana n'kukusiya uli ndi mwana kumsana."

Telala anayang'ana diresi lija nthawi yaitali. Kenako anachotsa mapini amene anali pamkono wa diresilo, n'kulipinda bwinobwino.

"Ndimuuza lero lomwe. Akafuna, andiperekeze kuchipatalako." Anasendera pafupi ndi benchi, maso ali pamilomo ya mlendo. "Koma inu ndinu ndani, kuti muzindilondalonda chonchi?"

Mayiyo anaika ambulera pansi. Anatchula dzina lake pang'onopang'ono, kuti chilembo chilichonse chioneke. Telala analidziwa lisanathe n'komwe. Linali dzina limene kwawo linkatchulidwa monong'ona, bambo ake akatuluka: dzina la mayi ake omubereka.