Ndikugwira Paphewa

Pa esiteti ya fodya ya ku Chulu lamulo n'limodzi: nyumba ndi ya amene akugwira ntchito. Amuna ake a Zelesi, a Mphepo, atafa dzanja ndi mwendo wakumanja, aliyense anadziwa kuti banjali libwerera ku Phalombe, komwe linalibe ngakhale kadimba.

Kapitawo, a Sunganani, sanali munthu woipa, kungoti ankaopa bwana kuposa njoka. Anamuitanira Zelesi kukhola.

"Mayi, hatchi ya bwana iyi yathawitsa anthu atatu. Bwana abwera pakutha pa mwezi. Akadzaipeza yoyera, ntchito ndi yanu, m'nyumbamonso simutuluka."

Hatchiyo ankaitcha Diana, dzina laulemu pa nyama yopanda ulemu. Mchira unali utagwirana ndi chisoso, m'makutu nkhupakupa zili mbwee. Anthu atatu aja ankaimangirira pa bulugamu ndi chingwe chachifupi n'kuilumphira ndi burashi ngati akutsuka thirakitala, ndiye ikangoona burashi inkayamba kuponda.

Tsiku loyamba Zelesi anachitanso zomwezo, ndipo anabwerera akutsimphina, chala chaphazi chitatupa. Analira pang'ono kuseri kwa chigafa, anapukuta misozi, n'kukatereka madzi oti asambitse amuna ake.

"Bambo, ndikugwirani paphewa," anatero, monga ankanenera tsiku lililonse. Anadikira kuti phewalo limasuke, kenaka anaikapo nsalu.

Pomwepo anakumbukira masabata oyamba atatuluka m'chipatala. A Mphepo ankakankha beseni, ankatukwana, manyazi atawagwira kuti munthu wamkulu azisambitsidwa ngati khanda. Mphamvu sizinathandize. Anafatsa atayamba kuuzidwa pomwe dzanja likupita, n'kuona kuti akati basi, limachokadi.

Kutacha Zelesi anapita kukhola wopanda burashi. Chingwe chija anachimasula kuti chilendewere.

"Diana, ndikugwira paphewa."

Khungu la hatchi linanjenjemera, makutu anagonera kumbuyo. Zelesi sanakanikize, sanathawenso. Itangoima duu, anachotsa dzanja n'kubwerera m'mbuyo. Tsiku limenelo ntchito inali yomweyo basi.

Amayi osoka fodya m'chigafa ankafa nako kuseka. "Taonani wa ku Phalombe, akupempha chilolezo kwa nyama." Zinkamuwawa, chifukwa masiku ankatha ndipo mchira anali asanaukhudze n'komwe. Koma kuthamanga si kufika. Sabata yachiwiri hatchi inalola nsalu, yachitatu burashi. Tsiku lina inamuluma pamkono atafika pamimba osanena, ndipo Zelesi anavomera kuti wolakwa anali iye. Chisoso cha kumchira anachitola ndi zala, kamodzikamodzi, masiku anayi.

Bwana atafika, anthu anaunjikana pampanda kudzaonera mateche. Zelesi atacheuka anaona a Mphepo pakati pawo, atatsamira ndodo, thukuta lili kamukamu. Chidwalireni anali asanayendepo mtunda wotere, ndipo mtima wa Zelesi unagunda kuposa mmene unagundira chifukwa cha bwana.

Anapesa khosi, msana, miyendo, akunena paliponse asanagwire. Diana anaima chilili, chingwe chili pansi, mlomo wam'munsi utalendewera ngati nkhalamba yowodzera.

"Kapitawo, mayiwa muwapatse magambutsi a ntchito," anatero bwana. Ndiye anatembenukira kwa Zelesi. "Zimenezi munaphunzira kuti, mayi?"

Zelesi anayang'ana pansi. Sakanaulula za m'bafa la amuna ake pagulu, ngakhale zikanamutayitsa nyumbayo.

"Pa ine, bwana," anayankha a Mphepo, mawu akutuluka movutikira. "Ineyo ndinkaponda kuposa iyi."

Anthu anaseka, koma kuseka kwake sikunali kwa m'chigafa kuja. Zelesi anapachika burashi n'kukaima pambali pa amuna ake kuti azipita. A Mphepo anamupatsira ndodo, n'kukweza dzanja lawo lamoyo lija.

"Mayi, ndikugwirani paphewa," anatero.

Zelesi anaima duu.