Zikhomo Zinayi M'mphepete mwa Khwawa

Filomena anatula dengu la mtedza ataona chingwe. Chinali chabuluu, chomangidwa pa zikhomo zinayi kumunsi kwa munda wawo, pamene dothi limathera pa thanthwe la m'mphepete mwa khwawa. Mwamuna wake, Ignatius, anali atagwira tepi yoyezera, akumwetulira ngati walembedwa ntchito m'boma.

"Amake Chimango, bwerani mupereke moni," anatero. "Awa ndi a Brenda ndi a Aubrey, a ku yunivesite. Amafufuza za miyala."

Alendowo anali atatha sabata ziwiri m'dera la Vubwi ndipo aliyense ankawadziwa. Ankayenda m'makwawa ndi nyundo, kuswa matanthwe n'kumalemba manambala pa timatumba. Filomena analibe nawo chifukwa. Koma chingwecho chinazungulira malo okhawo m'munda monse amene khasu lake silinagwerepo kwa zaka zisanu ndi zinayi.

"Chingwechi n'chachiyani?" anafunsa.

Brenda anavula chipewa. "Tikufuna kukumba ngalande mawa, amayi, yolekeza m'chiuno. Taonani, thanthwe la uku ndi lofiirira, la uko ndi lakuda, lamizeremizere. Kalekale pansi pano panang'aluka, mbali imodzi n'kutsetsereka. Mng'aluwo tautsata mtunda wautali, koma konseko wakwiririka ndi dothi lambiri. Pano pokha ndi pamene uli pafupi. Tikaupeza titenga miyala mbali zonse ziwiri, makina akatiuze zaka zake."

"Zaka zingati?"

"Mwina mamiliyoni mazana asanu. Mwina kuposa."

"Mwala wakhala zaka zonsezo osathawa, inu changu n'chachiyani?"

Aubrey anaseka. Filomena sanaseke.

"Ine ndavomera kale," anatero Ignatius. "Apa ndi patchire. Chaka ndi chaka ndimati tilimepo, inu mumakana."

Ignatius sankadziwa, ndipo sikunali kulakwa kwake. Mwana wawo woyamba anabadwa wakufa. Mwana wotere ndi mtayo. Salira maliro, sakhoma bokosi, amuna sapitako ndipo safunsa. Azimayi akuluakulu anamukulunga m'kansalu n'kukamuika pachinyontho, m'kadzenje kosazama, kuti mayi wake adzaberekenso. Filomena anali chigonere pamphasa. Patapita miyezi, akupita kukachapa, azakhali ake anamulozera malowo ndi mlomo, n'kumuuza kuti asadzatchulenso. Azakhaliwo anamwalira. Wodziwa anatsala yekha.

"Pamakhala njoka apa," anatero Filomena.

"Tili ndi majombo, amayi," anayankha Aubrey.

"Mvula ikabwera, ngalande yanuyo idzandikokololera munda."

"Tikwirira n'kutsendera bwinobwino. Simudzazindikira n'komwe kuti tinakumbapo."

Ignatius anataya tepi pansi. "Kodi mwatani lero? Anthu ophunzira akukulongosolerani mwaulemu, inu mukungokoka nkhani. Mukundichititsa manyazi."

Filomena anali atadzuka nkhuku zisanatsike. Msana unkamuwawa, mtedza unali usanayanikidwe, ndipo bodza lachitatu analibe. Anayang'ana amuna awiriwo, kenako mtsikanayo.

"A Brenda, tabwerani mundisenzetse denguli."

Atafika pa dengu sanaligwire. Anaima chofulatira amuna aja.

"Muli ndi mwana?"

"Mmodzi. Ali ndi amayi anga ku Katete."

"Wanga woyamba ali pansi pa chingwe chanucho."

Brenda anatembenuka n'kuyang'ana chingwe chija.

"Ndi mtayo," anapitiriza Filomena. "Amayi anu akudziwa, mukawafunse. Bambo akewo sadziwa malo. Ndipo musandiuze zoti m'dothimo mulibenso kanthu, ndikudziwa. Kanali kakang'ono, kosafika pa chigongono changachi. Koma piki sigwera pamenepo ine ndili moyo."

Brenda anafunyulula mapu amene anali m'manja mwake n'kuwayang'ana nthawi yaitali.

"Tikachoka apa ndiye kuti tipita kumtunda kuja," anatero motsitsa mawu. "Dothi lake ndi lakuya. Tikhoza kukumba masiku atatu osaupeza, ndipo galimoto ikutitenga Lachisanu. Ntchito yanga ya chaka chonse yagona pa mng'alu umenewu, amayi."

"Zimenezo sindizidziwa. Ine ndakuuzani zanga."

Brenda anapinda mapuwo, anabwerera kumunsi, n'kuwerama kuzula chikhomo choyamba.

"Iwe Brenda, ukutani?" anafunsa Aubrey. "Tayeza m'mawa wonse!"

"Tikumba kumtunda."

"Kumtunda kuli dothi lokhalokha! Ukudziwa bwinobwino kuti malo ndi ano."

"Ndikudziwa. Zula icho, Aubrey. Ndikuuza m'njira. Ndipo usaponde m'katimo, zungulira."

Aubrey anamuyang'ana, anayang'ananso Filomena, n'kuzungulira. Anakulunga chingwe, ananyamula nyundo ndi timatumba tawo, n'kuyamba kukwera m'mbali mwa khwawa. Brenda anatsanzika ndi kuwomba m'manja kawiri, mwakachetechete.

Ignatius anatsala ataima. Sanali munthu wopusa. Anamva mawu oti usaponde, ndipo anaona mmene mtsikana uja anatsanzikira. Anayang'ana udzu wautali umene mkazi wake sankalola ngakhale kutentha, ndipo nkhope yake inasintha pang'onopang'ono.

"Ndi apa?" anafunsa.

Filomena anagwedeza mutu kuvomera.

"Ine ndakhala ndikumangirirapo mbuzi."

"Simunkadziwa."

"Bwanji osandiuza?"

"Ndikanakuuzani bwanji? Si nkhani ya amuna. Inunso simunafunsepo."

"Anandiuza kuti ndisafunse. Anangoti pitani mukakhale kwa achimwene anu, zatha." Anapukuta manja pa buluku, ngakhale analibe dothi. "Tsiku limenelo ndinali nditagula kabulangeti ku boma. Ndinakabisa kudenga mpaka makoswe anakadya."

Filomena sankadziwa za kabulangetiko. Kumtunda nyundo inayamba kulira pa thanthwe.

"Amake Chimango," anatero Ignatius, osamuyang'ana. "Anali mwana wanji?"

Palibe amene anamufunsapo funso limenelo.

"Wamwamuna. Anali ndi tsitsi lambiri."

Ignatius anakhala pansi pa thanthwe lakuda lija, pamene udzu umayambira, n'kuika manja pamutu.

"Musatero," anatero Filomena. "Ameneyu samulira. Anthu angaone."

Koma sanadzuke, ndipo mapewa ake anayamba kugwedezeka. Filomena anayang'ana dzuwa. Ana anali atatsala pang'ono kuweruka kusukulu, madzi kunyumba kunalibe, nkhuni zinali zisanawazidwe. Anakonza chitenje chake n'kukhala pansi pambali pa mwamuna wake.