Chipinda cha Mpunga

Mvula inali isanakate chiyambire m'mawa ku Iponga pamene Ipyana anafika kwa bambo ake, a Ambokile, atasenza matiresi onyowa. Madzi osefukira anali atagwetsa nyumba yake. Mkazi wake Keziya, yemwe anali woyembekezera, anaima patali pansi pa nthochi, atafunda chitenje kumutu, atafulatira. Kwa Ankhonde, mkazi wa mwana wako sayang'anizana nawe, ndipo sagona nyumba imodzi ndi iwe.

Chimwalirire akazi awo, a Ambokile ankakhala okha m'nyumba yamalatayo. Inali ndi chipinda chawo, pabalaza, ndi kachipinda kosungira matumba a mpunga.

"Tata, mutibwerekeko ka mpungako," anatero Ipyana.

A Leticia, mlongo wa a Ambokile, anatulukira kuseri atafunda pepala lapulasitiki.

"Wati chiyani? Keziya agone denga limodzi ndi apongozi ake?"

"Si chipinda chogona chimenecho, azakhali. Ndi sitolo. Mulibe bedi, mulibe windo."

"Ndiye mkazi wakoyo ndi thumba la mpunga? Ukangoyalamo matiresi, chasanduka chogona. Usatipusitse."

"Nanga tipite kuti? Kusukulu kwadzaza, anthu akugona chokhala. Kwanu muli asanu ndi atatu."

"Kukhitchini kuno kuli malo."

Onse anayang'ana khitchiniyo. Inali ya udzu, khoma limodzi litagwa theka, madzi akudontha pa mafuwa. Keziya anatsokomola pansi pa nthochi, nagwira m'chiuno.

"Munthu watsala pang'ono kuchira agone mmenemo?" anafunsa Ipyana.

"Mayi ako anakhala pamudzi pano osaona nkhope ya agogo ako mpaka kumanda," anatero a Leticia. "Achimwene, yankhulanitu. Nyumba ndi yanu."

A Ambokile analowa m'kachipindako. Anagwira khoma, linali louma. Anakoka matumba kuwaunjika pakona, nasesa pansi.

"Ndi chogona," anatero potuluka.

Ipyana anagwetsa nkhope. A Leticia anagwedeza mutu mokhutira.

"Mwamva? Ndiye sangalowemo."

"Alowa," anatero a Ambokile.

"Nanga mwambo?"

"Sitiuphwanya."

"Achimwene, chifuwa chanucho mukuchidziwa. Musachite zimene ndikuganizazo."

A Ambokile analowa kuchipinda kwawo, napinda mphasa ndi bulangete. Anatulukira khomo lakuseri kuti Keziya adutse momasuka kumaso, nakayala mphasayo kukhitchini, mbali imene sinkadontha kwambiri.